Chitsulo cha Dzulo ndi Makina Osokera

Malemu amuna anga ankakonza mawotchi ndi mawailesi pakhonde la sitolo ina ku Kapata, m'tauni ya Chipata, pafupi ndi msika. Anali ndi kabokosi koonetsera mawotchi, kampando ka miyendo itatu, ndi kagalasi kamene ankakapanikiza padiso limodzi akamasuzumira m'mimba mwa wotchi. Ntchito ankaidziwa, koma pakamwa pawo pankathamanga kuposa manja. Munthu ankabwera atakwiya kudzafunsa wailesi yake imene yagona masabata atatu, koma pobwerera ankapita akuseka, wailesiyo ataisiya pomwepo.

Ine kwathu ndi ku Chiparamba. Sukulu ndinalekezera giledi yachitatu, chaka chimene amayi anadwala mwendo ndipo kumunda kunasowa munthu. Amuna anga anali a banja la anthu ophunzira a ku Tamanda. Atate awo anali aphunzitsi a mishoni, akulu awo anali kalaliki ku boma, mlongo wawo analinso mphunzitsi. Iwo okha ndiwo anataya cholembera n'kutola sikuludalaiva. Atandikwatira ine, akulu awo aja anati mwanayu walakwa kawiri. Anandiuza okha amuna anga, akuseka mpaka kutsokomola.

Chitsulo chimene ndikufuna kunena chinalowa m'nyumba mwathu chaka cha chilala, chija tinadya ufa wachikasu. Amuna anga anachichotsa m'chisipika chachikulu chakale chimene mwini wake anachitaya. Kukula kwake chinali ngati chibakera cha mwamuna, koma kulemera ngati mwala wa mphero. Anachipaka penti yobiriwira yotsala pachitseko, n'kulembapo timizere titatu ndi msomali. Atamaliza anachiika patebulo ndi manja awiri, ngati akupereka mphatso kwa apongozi.

"Mayi, gwadani. M'nyumba muno mwalowa chitsulo cha dzulo."

"Cha dzulo? Ine ndikuona chakale ndithu, si cha dzulo chokha."

"Inu simukudziwa za dziko la kuseri kwa mwezi," anatero, n'kukoka mpando.

Kuyambira tsiku limenelo dziko lija linakhala ngati mudzi woyandikana nawo. Lamulungu lililonse masana, tikabwera kutchalitchi, ankaonjezerapo kanthu. Ankati anthu akumeneko salima chimanga, amakumba nthawi. Ali ndi migodi itatu. Mgodi woyamba umatulutsa chitsulo cha lero, chimene n'chosavuta kupeza, ndipo amasulira mapoto ndi makasu. Wachiwiri umatulutsa chitsulo cha mawa, choopsa kwambiri. Munthu wina waulesi anasula bedi ndi chitsulo chimenecho, ndipo atagona kamodzi anadzuka ali ndi imvi, ana ake atakwatiwa kale, chakudya cha ukwati atadya ena. Mgodi wachitatu uli pansi penipeni, ndipo chitsulo chake chimabweza nthawi m'mbuyo. Amene amakumba kumeneko amalowa ali madoda n'kutuluka akukwawa, ndiye pakhomo pa mgodi pamakhala amayi awo ndi mbereko.

Ankatinso mabasi akumeneko ndi ziwala zachitsulo zoyendera mphezi. Amakanika ake ndi asing'anga omwe, amavala ovololo koma m'thumba muli mchira wa nyumbu, ndipo injini ikakana kulira amayamba aifunsa ngati ili ndi chidandaulo. Ndinawafunsa kuti nanga chitsulo chotere chinafika bwanji ku Kapata. Anati kondakitala wa chiwala china anatsika pasiteshoni kudzagula mtedza, popeza kuseri kwa mwezi amaudziwa mtedza wa kuno, ndiye pothamangira basi thumba lake linabooka.

Umboni anali nawo. Ankatenga kawotchi kakale kopanda lamba n'kukagoneka pachitsulopo kanthawi. Kenako kankayamba kuthamanga, moti pofika madzulo kanali katasiya wotchi yapakhoma kutali.

"Koma bambo, mwati chimabweza nthawi m'mbuyo. Nanga bwanji kawotchika kakuthamangira kutsogolo?"

"Kakuthawa, mayi. Inu wina atakugwirani chitenje kuti akubwezereni ku dzulo, simungathamange?"

Tsiku lina ali phee anandiuza zoona zake, kuti chitsulocho ndi maginito chabe, ndipo maginito amasokoneza kawaya kopyapyala kamene kali mumtima mwa wotchi. N'chifukwa chake sanachitengereko kuntchito ngakhale kamodzi. Anali ndi kachipangizo kena kamagetsi kochotsera vutolo, koma ankati wotchi ya munthu siseweretsedwa. Ine ndinachipezera ntchito yanga. Singano kapena mapini zikagwa pansi, ndinkangochiyendetsa pamwamba pa simenti, zonse n'kukwera zokha.

Ntchito yake yaikulu inali ina. Tsiku lina ndinapeza amuna anga atatenga sizasi yanga yodulira nsalu n'kudulira lata. Amene amasoka akudziwa kuti mlandu umenewo ndi wotani. Ndinalankhula mawu ambiri, ena osayenera, ndipo iwonso anabweza awo. Patapita nthawi anadzuka, anatenga chitsulo chija pawindo, n'kuchiika pakati pa tebulo. Anayamba kuyenda chafutambuyo, kutuluka pakhomo, kudutsa pachingwe cha zovala, mpaka kumpanda. Kumeneko anaima pang'ono, n'kubweranso bwinobwino ngati munthu amene akungofika kumene.

"Odi kuno! Mwaswera bwanji mayi? Koma lero mwawala!"

Ndinayesa kulimbitsa nkhope.

"Sizasi yanga yabunthabe."

"Chitsulo cha dzulo chimabweza mawu okha. Za sizasi tikaonana ndi wonola."

Ndinaseka, ndipo mlandu unathera pomwepo. Kuyambira pamenepo unakhala mwambo wa m'nyumba mwathu. Amene waona kuti pakamwa pake pamutsogolera kolakwika ankaika chitsulo patebulo n'kutuluka chafutambuyo. Winayo analibe ufulu wokumbutsa mawu amene abwezedwa. Inenso ndinatulukapo chotero kangapo, kamodzi ndili ndi mwana kumsana, mayi wa nyumba yoyandikana nafe akundiyang'ana pampanda. Mawa lake anandifunsa mwaulemu ngati ndayamba kupita kwa asing'anga.

Makina osokera anabwera patapita chaka. Anali akale, opalasa ndi mapazi, ndipo amuna anga anawapeza atafa kwa telala wina amene ankasamuka. Anawakonza masabata awiri, n'kuwaika pafupi ndi windo. Ndinaphunzira kusoka kwa mayi wina wa kumpingo. Ndinayamba ndi zigamba, kenako madiresi a chitenje, kenako mayunifomu a sukulu. Pamene amuna anga anayamba kudwala, makina aja ndiwo ankadyetsa nyumba, ife awiri ndi ana athu aakazi awiri.

Anadwala dzinja lonse. Anamwalira nthawi yokolola itangotha, mphepo ya chisanu itayamba. Sindilemba zambiri za masiku amenewo. Titabwera kumanda ndinachiona chitsulo chija pawindo, ndipo ndinachinyamula kanthawi m'manja. Sindinachiike patebulo. Ndinkadziwa kuti ndi maginito.

Zaka zimenezo mkazi akaferedwa ku Kapata ankalira ziwiri, mwamuna ndi katundu. Ndinaonapo mnzanga wina abale a mwamuna atamutengera zonse, mpaka ndowa ndi chingwe cha zovala. A kwa amuna anga ankati iwo ndi akhristu, salanda. Anali ndi dongosolo lawo limene anasiya atate awo. Tsiku lotsatira kumeta, katundu yense wa malemu ankatulutsidwa pamphasa, mkulu wa mpingo n'kupemphera. Kenako abale ankasankha mmodzimmodzi potsata kubadwa, aliyense chinthu chimodzi chokha. Zotsala zinali za mkazi ndi ana. Chimene chasankhidwa pambuyo pa pemphero sichinkabwezedwa.

Dongosololi linali labwino kuposa kulanda, koma kwa ine linali ndi minga. Makina aja anabwera nawo ndi amuna anga, ndiye ankawerengedwa ngati katundu wa malemu. Woyamba kusankha anali alamu aakulu, akalaliki aja, amene tsopano anali atapuma ntchito. Maliro ali mkati ndinawaona atavundukula nsalu ya pamakina n'kuzunguza gudumu ndi chala, akazi awo ataima pambali akugwedeza mutu. Alamu aakazi, aphunzitsi aja, anandikokera kuseri kwa nyumba.

"Alamu, limbani mtima. Makinawo apita. Ine ndidzatenga wailesi yaing'ono kuti ndisakupwetekeni, koma alongo anga sindingawaletse. Akazi awo ayeza kale malo pabalaza."

Ndinangoti zikomo. Ndinaganiza za ana anga ndi sukulu yawo, ndi munda wa ku Chiparamba umene unali kale m'manja mwa ena. Popanda makina aja ndinalibe chochita m'tauni.

Pano ndiyenera kunena zinthu ziwiri za alamu aakulu. Choyamba ndi wotchi yawo. Inali yapamkono, yopukusa ndi zala m'mawa uliwonse, imene anzawo a kuofesi anawapatsa popuma ntchito. Ankaiyang'ana polankhula, pakudya, ngakhale pemphero likatalika. Ankati vuto la anthu akuda ndi kusasunga nthawi, ndipo ankanena zimenezi ngati iwo ndi a mtundu wina. Chachiwiri ndi mphekesera imene inadzaza Chipata chaka chimenecho. Kunkamveka kuti kumalire kukubwera anthu ogula nsimbi zamakala zakale ndi makobiri oboola pakati, ati mkati mwake muli chitsulo china chosowa chimene azungu akuchifuna, ndipo wochipeza sadzagwiranso khasu. Ankati chizindikiro cha chitsulo chenichenicho n'chakuti chimasokoneza wotchi. Palibe amene anawaonapo ogulawo ndi maso, koma aliyense anali ndi msuweni amene anawaona. Alamu ankaseka nkhani imeneyi pagulu, ati ndi za anthu osaphunzira. Koma alamu aakazi anandinong'oneza kuti nsimbi ya malemu amayi awo inasowa m'nyumba mwezi womwewo.

Tsiku logawa katundu linafika. Anagwirizana kuti mwambo uyamba teni koloko. M'mamawa ndinaphika tiyi ndi mbatata, ndipo ndinalowa ndi beseni ndi jagi kuti alendo asambe m'manja. Ndinagwada pamaso pa alamu aakulu. Anavula wotchi yawo kuti isanyowe, anayang'ana tebulo n'kuona kuti pali nyenyeswa za mbatata, ndiye anatambasula dzanja n'kuigoneka pachitsulo chobiriwira chija pawindo.

"Alamu, wotchiyo musaike pamenepo."

"Thirani madzi, mayi. Za wotchi muzisiyira ife."

Ndinathira madzi. Anadya mbatata zawo mosafulumira, anamwa makapu awiri, anafotokozera anthu mmene ankayendetsera ofesi, kenako anavala wotchi yawo. Ine ndinapita kukathandiza kutulutsa katundu. Pamphasa panaikidwa njinga, wailesi ziwiri, bokosi la zipangizo, jekete, nsapato, kampando ka miyendo itatu, ndi makina. Amene ankanyamula anatenganso chitsulo chija n'kuchiponya pakona ya mphasa, pamodzi ndi ambulera yothyoka.

Dzuwa litakwera, alamu anayamba kuyendayenda pabwalo akugogoda galasi la wotchi ndi chala. Mkulu wa mpingo atatulukira pampanda akukankha njinga yake, alamu anamulandira ndi mawu.

"Akulu a mpingo, tinati teni koloko. Ngati abusa a nkhosa achedwa, nkhosa zitani?"

Mkuluyo anali munthu wofatsa. Anakwinya malaya n'kuyang'ana yake.

"Pepani bambo, koma yanga ikuti nthawi sinakwane. Ndafika msanga."

"Yanuyo ndi ya pamsika. Iyi sinanamepo chiilandirireni."

Anakangana mwaulemu, aliyense akuonetsa mnzake mkono. Mlamu wina wamng'ono anatsegula wailesi imodzi ya pamphasa, ndipo tinadikira. Woulutsa mawu atanena nthawi, zinapezeka kuti mkulu wa mpingo ndiye anali wolondola. Wotchi ya alamu inali patsogolo ndi mphindi zambiri ndithu. Anaiika kukhutu, anaigwedeza, anaiyang'ananso. Alamu aakazi ndiwo anayamba kuseka, kuseka koyamba pabwalo lija chichitikireni maliro.

"Alongo, si paja munaigoneka pachitsulo cha dzulo cha malemu? Chija ankati chinagwa kuchokera kuseri kwa mwezi? Mwayamba kale ulendo, tiperekereni moni kumeneko!"

Anthu anaseka. Alamu aakulu sanaseke. Anayang'ana wotchi, anayang'ana pakona ya mphasa, ndipo ndinaona nkhope yawo ikusintha ngati ya munthu amene waona ndalama pamsewu koma pali anthu. Anapempha mkulu wa mpingo kuti adikire pang'ono, n'kundiitanira kuseri kwa nyumba, pafupi ndi mtengo wa mapapaya.

"Alamu, chitsulo chija mng'ono wanga anachitenga kuti?"

Kanali koyamba kunditchula alamu ndi mawu ofewa chotero.

"M'chisipika chakale. Ndi maginito."

"Maginito." Anamwetulira. "Sayansi munaiphunzira kuti, alamu?"

"Anandiuza ndi eni ake. Ine ndimatolera singano."

"Nanga za kuseri kwa mwezi?"

"Zinali nthabwala za Lamulungu masana."

"Mng'ono wanga ndinkamudziwa ine musanamudziwe inu. Anali wochenjera. Chinthu chamtengo ankachibisa m'nthabwala kuti anthu asachiganizire. Bwanji sanachitengereko kumsika ngakhale tsiku limodzi? Bwanji anachipaka penti? Timizere titatu tija n'chiyani?"

"Dzulo, lero ndi mawa."

"Ehe!" anatero, ngati ndaulula chinsinsi.

Pamenepo ndinanena zimene zinali mumtima mwanga, osaganiza kuti zimveka bwanji.

"Alamu, chitsulocho sichingakuthandizeni kanthu. Ndisiyireni ine. M'nyumba muno ndicho chokha chimene chimandikumbutsa kuseka kwawo."

Anagwedeza mutu pang'onopang'ono.

"Makina simunawapemphe, koma mwapempha kachitsulo kotolera singano. Akazi a ku Chiparamba, ndakugwadirani."

Makina sindinawapemphe chifukwa ndinkadziwa kuti kupempha sikukanathandiza. Koma sanandipatse mpata woti ndinene. Anali atabwerera kale pabwalo.

Mkulu wa mpingo anapemphera, ndipo tsiku limenelo alamu sanayang'ane wotchi. Titati ameni, anaitanidwa kuti asankhe. Anaimirira n'kukonza tayi. Anayenda mpaka pamakina, n'kuika dzanja pamwamba pake. Akazi awo anali atakonza kale pamiyendo nkhata ya chitenje yosenzera makinawo. Alamu anasisita makina aja, anapuma mozama, kenako anawadutsa, anawerama pakona ya mphasa, n'kunyamula chitsulo chija ndi manja awiri.

"Ine ndatenga ichi. Chikhale chikumbutso cha mng'ono wanga."

"Bambo!" anakuwa akazi awo. "Mwatenga chiyani?"

"Khalani chete, mayi. Mudzamvetsa pambuyo pake."

"Ndimvetse chiyani? Tinakwera basi kudzatenga mwala?"

Mkulu wa mpingo anawafunsa ngati atsimikiza. Anati atsimikiza. Anawafunsanso kachiwiri. Ine chikumbumtima sichinandilole kukhala chete, ndiye ndinagwada n'kulankhula anthu onse akumva.

"Akuluakulu, ndinene pamaso panu kuti mawa pasadzakhale mawu. Chimenecho ndi maginito a m'sipika. Malemu anachipaka penti yotsala pachitseko icho mukuchionacho. Alamu ndawauza kuseri, ndipo ndikubwerezanso pano."

Anthu anatembenuka kuyang'ana chitseko. Penti inali yomweyo. Alamu anakumbatira chitsulo chija pachifuwa.

"Mwamva nonse mmene akuchifunira? Ndasankha, akulu a mpingo. Pitirizani."

Alamu aakazi anatenga wailesi yaing'ono, akupukuta misozi imene sindikudziwa ngati inali ya maliro kapena ya kuseka. Mlamu wamng'ono anatenga njinga. Mwana wa mlongo wawo wina anatenga bokosi la zipangizo. Mkulu wa mpingo anati zotsala ndi za mayi wamasiye ndi ana, ndipo amuna awiri ananyamula makina aja kuwabwezera pafupi ndi windo. Ine ndinakhala pansi n'kulira kwambiri. Amayi a kumpingo ankandisisita kumsana akuti Mulungu wakuonani, makina atsala. Zinali zoona, ndipo ndinkathokoza. Koma ndinkaliranso chifukwa pawindo panali patatsala bwalo loyera pamene chitsulo chinkakhala.

Zimene zinachitika pambuyo pake ndinazimva kwa alamu aakazi, amene ankabwera kudzandiona mwezi ndi mwezi. Ati alamu anachikulunga chitsulo chija m'thaulo, n'kuchiika m'chikwama chawo cha kuofesi, pamodzi ndi makaseti a kwaya ya kwawo amene ankawakonda. Anapita kumalire katatu. Ulendo woyamba ogula aja anali atangochoka kumene. Wachiwiri anali asanafike. Wachitatu anapeza munthu wina wovala magalasi akuda amene anati amawadziwa. Munthuyo anachitembenuza, anatola msomali pansi n'kuuponyera, msomali n'kumata.

"Mdala, awa ndi maginito. Pitani nawo kwa okonza mawailesi, mwina angakupatseni fanta."

Atafika kunyumba anapeza kuti makaseti aja akungolira ngati mphepo ya m'chitini, maginito atafufuta nyimbo zonse. Wotchi nayo sinachire. Anapita nayo kwa wokonza wina m'tauni, amene anaitsegula n'kunena kuti amene ankadziwa kuchiza matenda amenewa ndi bambo uja wa pakhonde la ku Kapata, kodi simunamve kuti anamwalira?

Mvula yoyamba isanagwe, alamu aakulu anabwera kwathu ndi akazi awo, ataitananso mkulu wa mpingo ndi alamu aakazi. Anafika nthawi isanakwane, ine ndisanasese n'komwe. Anakhala pampando, chikwama pamiyendo, n'kuyamba ndi mawu ambiri a chizungu. Mfundo yake inali yakuti panachitika kusamvetsetsana, ndipo kusankha kuja kubwerezedwe.

"Kusamvetsetsana kwa ndani, bambo?" anafunsa mkulu wa mpingo. "Mayiwa anagwada pamaso pathu n'kunena kuti ndi maginito. Chitseko tinachiona tonse."

"Ananena mwa njira yoti ndisakhulupirire."

"Njira yake iti?"

"Ananena zoona mosabisa. Munthu amene ali ndi chinthu chamtengo amatero kuti akusocheretseni."

"Ndiye mlandu wawo ndi wakuti sananame?"

Akazi a alamu anayang'ana kudenga. Alamu aakazi anati lamulo lakuti chosankhidwa pambuyo pa pemphero sichibwezedwa anaika ndi atate awo, ndipo amene ankalikumbutsa pamaliro onse a m'banjamo anali alamu aakulu omwewo. Mkulu wa mpingo anavomereza, n'kunena kuti iye sangapempherere katundu mmodzi kawiri.

Ndinaganiza kuti mwina pochoka andisiyira chitsulo chija, popeza tsopano anali atadziwa chimene chili. Ndinafunsa mwaulemu. Anagwira chikwama chawo mwamphamvu.

"Ayi. Anthu a kumalire aja mwina ankafuna kundibera. Ndidzafunsa ku Lusaka."

Sanapite nacho ku Lusaka, ndipo kwa ine sichinabwerere.

Mwezi wa Januwale umenewo ndinasoka mayunifomu kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kulowa, miyendo mpaka kutupa. Ana anga onse awiri anabwerera kusukulu atavala zosoka amayi awo. Singano zikagwa ndinkazifuna ndi maso ndi zala, monga amachitira atelala ena onse.

Chakumapeto kwa dzinja ndinamva odi pakhomo. Anali akazi a alamu, okha, atanyamula nsalu yoyera ndi yakuda m'pepala. Ankafuna yunifomu ya amayi a mpingo, ndipo anati telala wa kwawo amawononga makolala. Ndinawapatsa mpando ndi madzi akumwa. Anayang'ana makina aja nthawi yaitali, kenako anaimirira n'kukweza manja kuti ndiwayeze.

"Anzanga, musafinye m'chiuno. Ndimafuna kupuma poimba."

"Ndisiya malo. Alamu ali bwanji?"

"Ali bwino. Amafika kutchalitchi chitseko chisanatsegulidwe, n'kumakalipira wosunga makiyi."

"Nanga chitsulo chija?"

"Chili pachitseko cha khola la nkhuku, chimaletsa mphepo. Koma akamva kuti kwabwera alendo achilendo m'mudzi amakachitenga n'kuchibisa pansi pa bedi."

Ndinawauza kuti atembenuke ndiyeze msana. Anati akufuna yunifomuyo isanafike Pasaka, ndipo ndinawauza kuti abwere Lachisanu la sabata yamawa, masana.